Meya ndi Makhansala m'Ndende: Mbiri ya Ciletso ca Kanthawi

Tiyambe ndi cinthu cimene nonse mucidziwa bwino. Anthu awiri a m'mudzi umodzi akangana za munda. Wina akuti munda anamsiyira ndi amalume ake. Mnzake akuti iai, iye ndiye anagwetsa mitengo ndi kuzula zitsa. Cimanga cauma m'mundamo, ndipo aliyense wakonza kale nkhokwe yake. Nkhani ikafika kwa amfumu, iwo sathamangira kugamula tsiku lomwelo, pakuti mboni zina ziri kutali. Amangonena mau amodzi, kuti pasapezeke wokolola kufikira mlandu utakambidwa. Mau amenewa sachula mwini munda. Amangogwira manja a onse awiri, kuti pa tsiku la bwalo pakhale kanthu kogamulapo.

Makhoti a boma naonso ali ndi mphamvu yotere. Woweruza akhoza kulemba cikalata coletsa munthu kucita kanthu kena kufikira mlandu wonse utamvedwa. Dzina la cikalata cimeneci ndi ciletso ca kanthawi, ndipo maloya pa Cingelezi amati injunction. Pa munda, pa nyumba kapena pa ng'ombe, nzeru yake imveka msanga. Koma nanga cimene anthu ali kulimbirana cikakhala mpando wa udindo, monga wa meya, wa khansala kapena wa woweruza wa m'tauni? Munda uli ndi mwini wake, koma mpando wotere eni ake ndi anthu onse a m'mzindamo. Kodi khoti liyenera kugwira dzanja khonsolo imene ifuna kucotsa munthu pa udindo? Funso limeneli linasautsa oweruza kwa zaka zambiri, ndipo m'caka ca 1887 linagoneka m'ndende meya wa mzinda wina wa ku America pamodzi ndi makhansala 11. Kuti timvetse cimene cinacitika kumeneko, tiyenera kuyamba tapita ku England, kumene ciletso ca m'makhoti athu cinacokera.

Makhoti a mitundu iwiri

Kale ku England kunali makhoti a mitundu iwiri. Oyamba anali makhoti a malamulo wamba a dziko, ndipo limodzi mwa aakulu linali lochedwa King's Bench. Makhoti amenewa anali ouma njira. Kawirikawiri cimene anali kupatsa munthu wolakwiridwa cinali ndalama za cipepeso, coipa citacitika kale. Anthu amene sanapeze cithandizo kumeneko anali kukalira kwa mfumu, ndipo mfumu inali kutumiza madandaulo ao kwa nduna yake yaikulu, Lord Chancellor. M'kupita kwa nthawi ofesi ya ndunayi inasanduka khoti palokha, lochedwa Chancery. Cida cacikulu ca khoti limeneli cinali ciletso. Linali kutha kuuza munthu kuti asadule mitengo ya pa malo olimbirana, kapena kuti asagulitse malowo, ndipo wosamvera anali kuponyedwa m'ndende.

Makhoti a mitundu iwiriyi sanali kumvana nthawi zonse. Mkangano unakula pakati pa Sir Edward Coke, mkulu wa King's Bench, ndi Lord Ellesmere, mkulu wa Chancery, kufikira m'caka ca 1616 pamene Mfumu James I inagamula kuti pakakhala kusiyana, mau a Chancery ndiwo apambane. Komabe panali malire amene Chancery silinali kulumpha. Nchito yake inali kuteteza cuma ndi katundu wa anthu. Za kuika ndi kucotsa anthu pa maudindo a boma linali kusiyira makhoti a malamulo wamba, amene anali ndi zikalata zaozao za maina a Cilatini. Cina, mandamus, ndiko kuti "tilamula", cinali kukakamiza akuluakulu a mzinda kucita cimene lamulo lifuna, monga kubwezera munthu pa mpando wake. Cina, quo warranto, cinali kufunsa wokhala pa mpando kuti wakhalapo ndi ulamuliro wa yani.

Citsanzo cochuka ca nthawi imeneyo cinacokera ku Plymouth, mzinda wa m'mphepete mwa nyanja kum'mwera ca kumadzulo kwa England. Kumeneko kunali James Bagg, mmodzi wa akuluakulu 12 oyendetsa mzinda. Munthuyu anali wa pakamwa poipa, ndipo anali kunyoza ndi kutukwana mameya pamaso pa anthu. Anzake atatopa naye anamcotsa pa udindo. Bagg anakadandaula ku King's Bench, ndipo m'caka ca 1615 Coke ndi oweruza anzake analamula kuti abwezeredwe. Iwo sanayamikire mwano wake iai. Koma anati mau acipongwe okha si cifukwa cokwanira colandira munthu udindo wotere, ndiponso kuti ngakhale cifukwa cikhalepo, kucotsa munthu osayamba wamva mbali yake kulibe mphamvu pa lamulo. Zindikirani cinthu cimodzi pa nkhani imeneyi: khoti linathandiza Bagg atacotsedwa kale. Silinaimitse anzake pamene anali kukonzekera kumcotsa.

Zimene zinacitika ku Lincoln

Angelezi amene anakakhala ku America anatenga malamulo amenewa, ndipo ngakhale dzikolo litayamba kudzilamulira, makhoti ake anasungabe kusiyana kwa milandu ya malamulo wamba ndi milandu ya mtundu wa Chancery.

Lincoln ndi likulu la cigawo ca Nebraska, pakati pa dziko la United States. Mzindawu unapatsidwa dzina limeneli m'caka ca 1867 pokumbukira Pulezidenti Abraham Lincoln. M'caka ca 1887 anthu a kumeneko anasankha loya wina, Andrew J. Sawyer, kukhala meya wao. M'mzindamo munalinso woweruza wa khoti laling'ono lozenga milandu yobwera ndi apolisi, dzina lake Albert F. Parsons, amenenso anacita kusankhidwa ndi anthu. Pasanapite nthawi yaitali, khonsolo inalandira madandaulo akuti Parsons anali kutenga ndalama zina za faindi zimene olakwa anali kulipira m'khoti lake. Khonsolo inasankha makhansala atatu kuti afufuze, ndipo iwo atatha nchito yao analangiza kuti woweruzayo acoke pa mpando.

Parsons sanadikire kuti amcotse. Ku America kuli makhoti a cigawo ciriconse pacokha, ndiponso kuli makhoti a boma la dziko lonse. M'mwezi wa September caka comweco, iye anapita ku khoti la boma la dziko lonse ndi kupempha ciletso. Anadandaula kuti lamulo la mzinda limene anali kumzenga nalo linasinthidwa nkhani yake itayamba kale, ndi kuti njira yonseyo inali yosemphana ndi malamulo aakulu oyendetsera dziko. Jaji David J. Brewer anapereka lamulo la kanthawi loletsa meya ndi khonsolo kupitiriza nkhaniyo kufikira khoti litamva mbali zonse.

Tsono tadziyesani kuti ndinu mmodzi wa makhansala aja. Anthu anakusankhani kuti muyang'anire ndalama za mzinda. Anzanu afufuza, ndipo akuti ndalama zina sizinafike kumene ziyenera kufika. Mukhulupirira kuti lamulo likupatsani inu mphamvu ya kucotsa munthuyo. Koma pa thebulo panu pali cikalata ca jaji conena kuti musakhudze kanthu. Mukacimvera, munthu amene mumkayikira apitirizabe kuweruza milandu ndi kulandira faindi. Mukacinyoza, mwanyoza khoti. Mukadatani?

Meya Sawyer ndi makhansala ake anasankha kucinyalanyaza. Anasonkhana, nacotsa Parsons, naika munthu wina m'malo mwake. Khoti linawaitana ku Omaha, mzinda waukulu wa cigawoco, ndi kuwapeza olakwa pa mlandu wonyoza khoti. Linawalipitsa faindi, ndi kulamula kuti asungidwe kufikira atalipira. Iwo sanalipire. Motero m'mwezi wa November 1887 meya ndi makhansala 11, ndiko kuti pafupifupi khonsolo yonse ya likulu la Nebraska, analowa m'ndende ya ku Omaha. Loya wao anathamangira ku Washington kukapempha Khoti Lalikulu la dzikolo kuti liweruze ngati kumangidwa kwao kunali kwa lamulo, ndipo patapita masiku owerengeka iwo anaturutsidwa kuti akadikire cigamulo ali kwao.

Cigamulo cinaperekedwa pa 9 January 1888, ndipo amene analemba maganizo a oweruza oculuka anali Jaji Horace Gray. Iye anabwerera ku mbiri ya ku England imene tafotokoza ija. Anati khoti lozenga milandu ya mtundu wa Chancery nchito yake ndi kuteteza katundu, ndipo liribe mphamvu pa za kuika kapena kucotsa anthu pa maudindo a boma. Ngati Parsons analakwiridwa, njira zinalipo m'makhoti a malamulo wamba, monga mandamus ndi quo warranto. Popeza khoti limene linapereka ciletso linalibe mphamvu ya kucipereka, ciletsoco cinali copanda pake kuyambira paciyambi, ndipo munthu sangalangidwe cifukwa cosamvera cinthu copanda pake. Meya ndi makhansala anamasulidwa.

Oweruza awiri sanavomereze. Mkulu wa oweruza, Morrison Waite, ndi Jaji John Marshall Harlan anaona kuti khoti lija linali ndi mphamvu ya kumva dandaulo la Parsons, ngakhale kuti mwina pomaliza likadalikana. Kwa iwo, lamulo la kanthawi linayenera kumveredwa kufikira litacotsedwa mwa njira yake, osati kuponderezedwa ndi anthu amene linawaletsa. Sungani maganizo a awiriwa, pakuti tikumana naonso patsogolo.

Cifukwa ninji oweruza amasamala

Mungafunse kuti, nanga n'cifukwa ciani oweruza anali kuopa kupereka ciletso pa nkhani za maudindo, pamene pa nkhani za minda anali kucipereka mosavuta? Zifukwa zake ziri zitatu. Coyamba, mpando wa udindo si katundu wa wokhalapo. Iye anangobwerekedwa kuti atumikire anthu. Caciwiri, munda ukhoza kudikira, koma nchito ya mzinda siidikira. Misika iyenera kusesedwa, misonkho kusonkhetsedwa, milandu kuzengedwa, ndipo zonsezi zimaima ngati palibe wodziwa kuti wolamulira ndani. Cacitatu, udindo wocita kusankhidwa uli ndi zaka zake zowerengeka. Ciletso cikakhalitsa, wocipempha akhoza kumaliza nthawi yake yonse ali pa mpando mlandu usanathe, ndipo cinthu ca kanthawi casanduka cigamulo ceniceni popanda mboni kumvedwa.

Koma mbali inayo irinso ndi kulemera kwake. Munthu wosankhidwa ndi anthu akacotsedwa mwacinyengo ndi anzake omuda, ndipo khoti n'kungoyang'ana, iye akhoza kudzapambana mlandu nthawi yake itatha kale. Pamenepo olakwiridwa si iye yekha, komanso anthu onse amene anamsankha, ndipo palibe ndalama zimene zingawabwezere zaka zotayikazo. Woweruza ayenera kuyesa zoipa ziwirizi pa sikelo.

Mpanda wakale ugwa

Ku England mpanda wa pakati pa makhoti a mitundu iwiri unagwetsedwa ndi malamulo a m'zaka za 1873 ndi 1875, amene anaphatikiza makhotiwo. Kuyambira pamenepo jaji mmodzi anatha kugwiritsa nchito zida za mbali zonse ziwiri. M'caka ca 1938 nyumba ya malamulo ya ku London inathetsa njira yakale ya quo warranto, ndipo m'malo mwake inapatsa khoti mphamvu ya kupereka ciletso kwa munthu wogwira udindo umene si wake. Cida cimene kale cinali kupewa maudindo cinaloledwa tsopano kuwakhudza. Cotero funso linasintha. Silinalinso lakuti kodi khoti lingathe, koma lakuti kodi ndi liti pamene liyenera.

Yankho lochuka linaperekedwa m'caka ca 1975 ndi House of Lords, imene pa nthawiyo inali khoti lotsiriza la ku Britain. Mlandu wake unali wa makampani awiri, American Cyanamid ndi Ethicon, olimbirana za ulusi umene madokotala amasokera mabala. Ngakhale kuti mlanduwo sunali wa maudindo, mafunso amene Lord Diplock anayala amagwira nchito pa ziletso za kanthawi za mitundu yambiri. Kodi wodandaula ali ndi nkhani yeniyeni yoyenera kuzengedwa? Kodi akakanizidwa ciletso, nadzapambana pambuyo pake, ndalama zidzatha kumbwezera cimene wataya? Nanga ndi mbali iti imene idzavutika koposa, ciletso cikaperekedwa kapena cikakanidwa? Ndipo sikelo ikalingana, nzeru ndi kusiya zinthu monga ziri. Wopempha ciletso amalonjezanso kuti akadzagonja pa mlandu adzalipira zimene mnzake wataya cifukwa ca ciletsoco.

Kwathu kuno ku Zambia

Nkhani imeneyi itikhudza ifenso, pakuti makhoti athu analandira malamulo wamba a ku England pamodzi ndi mfundo za Chancery, ndiponso malamulo olembedwa amene anali kugwira nchito kumeneko pa 17 August 1911, tsiku limene zigawo ziwiri za dziko lino zinaphatikizidwa kukhala Northern Rhodesia. Titalandira ufulu m'caka ca 1964, oweruza athu anaumba mfundo zimenezi ndi manja aoao.

M'caka ca 1975, pa mlandu wa Shell and BP Zambia ndi Conidaris, Khoti Lalikulu la dziko lathu linati ciletso ca kanthawi siciperekedwa pokhapokha ufulu wa wodandaula ukhale woonekeratu, ndiponso ciletsoco cikhale cofunika kumteteza ku coipa cosatheka kukonzedwa ndi ndalama. Kusautsidwa pang'ono cabe si cifukwa cokwanira. M'caka ca 1984, pa mlandu wa Turnkey Properties ndi Lusaka West Development Company, khoti lomwelo linaonjeza kuti ciletso nchito yake ndi kusunga kapena kubwezera zinthu monga zinaliri podikira mlandu, osati kukhala njira yoti wopempha adzipezere zatsopano zokomera iye yekha. Kodi si nzeru yomweyo ya amfumu aja? Iwo analetsa onse awiri kukolola, koma sanauze mmodzi kuti ayambe kulima nyemba m'mundamo.

Pa za maudindo a m'makhonsolo, malamulo oyendetsera dziko amene anasinthidwa m'caka ca 2016 anakonza njira yaceza. Analamula kuti mameya ndi apampando a makhonsolo azisankhidwa ndi anthu eni ake, ndipo masankho oyamba otero anacitika pa 11 August caka comweco. Analamulanso kuti madandaulo a masankho a m'makhonsolo azimvedwa ndi mabwalo apadera m'kati mwa masiku 30, ndi kuti wosakhutira apite ku Khoti la Malamulo Oyendetsera Dziko. Khansala amene kusankhidwa kwake kwatsutsidwa analoledwa kukhalabe pa mpando kufikira dandaulo litagamulidwa. Onani mankhwala amene anasankhidwa: mpando usakhale wopanda munthu, ndipo mlandu usacedwe. Mlandu ukatha msanga, kufunika kwa ciletso kumacepa.

Tisanatsirize, tiyenera kucenjezana. Pasakhale mwana amene adzacoka m'kalasi lero ali kuganiza kuti munthu akhoza kung'amba cikalata ca khoti pongoona kuti jaji walakwa. Makhansala a ku Lincoln anapulumuka cifukwa Khoti Lalikulu linapeza kuti jaji analibiretu mphamvu pa nkhaniyo, ndipo ngakhale pamenepo anayamba alawa ndende, ndipo oweruza awiri anawatsutsa. M'caka ca 1952, pa mlandu wa Hadkinson, khoti la apilo la ku England linanenetsa kuti munthu aliyense wopatsidwa lamulo ndi khoti loyenera ayenera kulimvera kufikira litacotsedwa, ngakhale iye akhulupirire kuti ndi lolakwika. Maganizo amenewa ali pafupi ndi a Waite ndi Harlan aja, ndipo ndiwo amene makhoti otsata malamulo a Cingelezi amayendera. Woona kuti ciletso camlakwira abwerere kwa jaji amene anacipereka, kapena apite ku khoti la pamwamba. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Tsono mukadzamva pa wailesi kuti khoti lapereka ciletso pa mkangano wa mpando wina, musafulumire kunena kuti uje wapambana. Palibe amene wapambana. Woweruza wangoti pasapezeke wokolola. Ndipo mukadzamva kuti khoti lakana kupereka ciletso, musati uje wagonja, pakuti mlandu wake ukali m'njira. Mwina woweruza wangoona kuti kuimitsa nchito ya mzinda wonse kukadapweteka anthu ambiri koposa kudikiritsa munthu mmodzi.

Aphunzitsi, mutatha kuwerenga nkhani iyi ndi ana, agaweni m'magulu atatu. Gulu loyamba likhale Parsons ndi loya wake, laciwiri likhale meya ndi makhansala, lacitatu likhale oweruza. Oweruzawo afunse mafunso atatu a m'caka ca 1975 aja, limodzi limodzi, ndipo pomaliza anene ngati iwo akadapereka ciletso kapena iai, ndi cifukwa cake. Pambuyo pake funsani kalasi lonse mafunso awa. Kodi nkhani ya Bagg isiyana bwanji ndi ya Parsons? N'cifukwa ciani mpando wa khansala sufanana ndi munda? Nanga munthu amene sakugwirizana ndi lamulo la khoti ayenera kucita ciani? Ana akafika kunyumba afunse agogo ao mmene amfumu amasungira cinthu colimbirana mlandu usanakambidwe, ndipo mawa adzafotokozere anzao.